Wolemba filimu alandire ndalama kamodzi kapena atenge gawo?

Funso: Ndimalemba nkhani za mafilimu, ndipo mnzanga amene ali ndi kamera ndi mpamba akufuna tigwirire ntchito limodzi. Akuti ndisankhe: andilipire kamodzi n'kumusiyira zonse, kapena ndikhale ndi gawo m'bizinesiyo. Nditani? Ndine wowerenga wa ku Zomba.

Yankho: Achimwene, tengani gawo, koma lilembedwe papepala musanapereke ngakhale tsamba limodzi. Mbiri ya Carl Foreman, wolemba mafilimu wa ku America amene anabadwira ku Chicago mu 1914, ikuonetsani chifukwa chake.

Foreman sanali waganyu. Anali ndi gawo mu kampani yopanga mafilimu ya Stanley Kramer, ndipo ndiye analemba filimu ya High Noon ya mu 1952. Mu 1951 komiti ya aphungu a ku America yofufuza anthu achikomyunizimu inamuitana, ndipo atakana kutchula mayina a anzake, makampani a ku Hollywood anasiya kumulemba ntchito. Ubwenzi wake ndi Kramer unathera pomwepo, koma sizikanatheka kumuchotsa chimanjamanja: Kramer anayenera kumugula gawo lakelo, choncho popita ku London mu 1952 Foreman anali ndi poyambira.

Kumeneko anadzaona mbali ina ya malondawa. Iye ndi Michael Wilson analemba mobisa The Bridge on the River Kwai ya mu 1957, ndipo popeza mayina awo sanaoneke pafilimupo, mphoto ya Oscar inapita kwa Pierre Boulle, mwini buku limene nkhaniyo inachokeramo. Ulemuwo unadzaperekedwa kwa awiriwa onse atamwalira kale. Ine ndimaona kuti dzina la wolemba ndi mpamba ndithu, pakuti ndi limene limaitana ntchito yotsatira. Pofika mu 1961, Foreman anali wolemba komanso mkulu wopanga The Guns of Navarone kudzera mu kampani yakeyake.

Tsono pamgwirizano wanuwo palembedwe kukula kwa gawo lanu, komanso ngati likuwerengeredwa pa ndalama zonse zolowa kapena pa phindu lotsala, chifukwa mnzanu akayamba kuchotsera za mafuta, chakudya cha osewera ndi kubwereka magetsi, phindu limatha kusowa papepala filimu ikugulidwa. Palembedwenso kuti dzina lanu lidzaoneka pafilimupo, ndi mmene gawo lanu lidzagulidwire mukadzasiyana. Pemphani ndalama pang'ono yoyambira, pakuti filimu imachedwa kubweza, ndipo kalembetseni zolemba zanuzo ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa zaluso, musanasaine.