vssapi.dll yasowa? Musaitsitse pa intaneti

Achimwene ena aku Turffontein, kuno ku Joni, andilembera imelo. Akafuna kuchita backup, laputopu yawo ikumati vssapi.dll yasowa, ndipo apeza webusaiti yopereka fayiloyo ulere. Akufunsa ngati angaitsitse.

Achimwene, musatero. Funso lanuli landifika pamtima, ndiye mundipirire.

Loweruka ndimakonza makompyuta a anzathu ku Rosettenville. Chaka chatha kunabwera mayi wina, msungichuma wa gulu la maliro la anthu aku Dedza. Mu laputopu yawo munali mndandanda wa amene asonkha ndi amene sanasonkhe, ndalama zija zimanyamula thupi kupita kumudzi wina akatisiya kuno ku Joni. Munalinso zithunzi za mapasipoti a mamembala. Uthenga ngati wanuwu utatuluka, mayiwo anapita kwa mnyamata wina wokonza mafoni m'tauni. Iye anatsitsa fayilo ya DLL yosowayo, nkuiponya mu System32, foda ya mafayilo a Windows, nkulandira ndalama yake. Pasanapite nthawi mafayilo onse anatsekedwa ndi vayirasi yofuna dipo. Ndinayesa zonse zimene ndikudziwa, osaphula kanthu. Chimene chinawaliza mayi aja ndi chakuti pamsonkhano wotsatira anthu aziti adya ndalama za maliro. Munthu wokhulupirika, dzina lake kuipa chifukwa cha kafayilo kamodzi!

DLL si pulogalamu yoti muitsegule nokha. Ndi malangizo amene mapulogalamu ena amabwereka akafuna kugwira ntchito inayake. Iyi ya vssapi.dll ndi ya Volume Shadow Copy, imene inabwera ndi Windows XP mu 2001. Imajambula mmene disiki ilili pa mphindi imeneyo, kuti ngakhale fayilo yotsegula ikopedwe yathunthu. Zida za Windows zobwezeretsa zinthu mmene zinalili, System Restore ndi Backup and Restore, zimadalira zimenezi. Kulowetsa pamalo otere fayilo yosadziwika kochokera kuli ngati kupatsa mlendo wa pa Park Station kiyi wa chipinda chanu. Ngakhale itakhala yopanda vayirasi, ikhoza kukhala ya Windows ina, kapena ya 32-bit pomwe yanu ndi 64-bit, vuto nkungokula.

Nanga imasowa bwanji? Ambirife timagula malaputopu akale, batire yakufa kale, Windows yake yosadziwika amene anaiikamo. Magetsi akazima update ili mkati, mafayilo amawonongeka. Ndiye pali timapulogalamu tija tolonjeza "kuyeretsa" kompyuta kuti izithamanga. Ine ndimadana nato, ndipo ndikatipeza ndimachotsa mwini wake akuona.

Koma chimene chikundiwawa kwenikweni ndi china. Anthu amati "ndili ndi backup" pomwe zonse zili pa disiki imodzimodziyo. Imeneyo si backup, achimwene. Disiki ikafa, zafa zonse. Laputopu ikabedwa mu takisi pa Bree, zapita zonse. Ndipo mavayirasi ofuna dipo amadziwa za shadow copy, zojambula za disiki zija: WannaCry ya mu 2017 inkazifufuta ndi vssadmin, chida cha Windows yomweyo. Musamati zimagwera ena akutali. Mu July 2019 City Power, kampani ya magetsi ya kuno ku Joni, inagwidwa ndi vayirasi yotere, anthu mumzinda muno nkulephera kugula mayunitsi a magetsi. Ngati zinafika pa kampani yokhala ndi akatswiri ake, kuli bwanji ife? Aliyense wosunga ndalama kapena mapepala a anthu ena ayenera kukhala ndi hard drive yapadera, ndipo gulu ligule ndi ndalama za gulu. Pamenepa sindisintha maganizo.

Chochita tsopano

Musanakonze chilichonse, koperani mafayilo anu ofunika pa flash kapena pa hard drive yakunja. Kenako tsegulani Command Prompt, zenera lolembamo malamulo a Windows, ngati administrator, mulembe sfc /scannow. Windows imabwezeretsa yokha fayilo yowonongeka kuchokera pa zimene inasunga. Ikalephera, lembani DISM /Online /Cleanup-Image /RestoreHealth, muli ndi data yokwanira, kenako mubwereze sfc. Zikatheka, yatsani File History, chida cha backup cha Windows, kuti izikopera mafayilo anu ku hard drive ija, ndipo ikamaliza muziizula. Ngati muli pa Windows 10, dziwani kuti Microsoft inasiya kuithandiza pa 14 October 2025. Zikakanika zonsezi, ikaninso Windows yochokera pa webusaiti ya Microsoft, ndipo mundilembere uthenga weniweni umene ukutuluka.