Wina wasintha chaka pa Wikipedia, ndikonze bwanji?

Mphunzitsi wina wa sekondale wanditumizira imelo. Akuti ophunzira ake awiri analemba kuti Malawi adalandira ufulu wodzilamulira mu 1968, ndipo atafunsidwa anati azitenga pa Wikipedia. Mphunzitsiyo atatsegula tsambalo anapezadi 1968 m'ndime ina. Funso lake ndi lakuti: "Amachita zimenezi ndani, nanga ineyo ndingakonze osawononga zina?"

Aphunzitsi, mungakonze ndithu. Tsiku lolondola ndi 6 Julaye 1964. Koma musathamangire kufufuta nambalayo, yambani mwatsegula View history, kutanthauza mbiri ya tsambalo. Pamenepo pali mndandanda wa aliyense amene anagwirapo tsambalo, nthawi yake, ndiponso kanambala kobiriwira kapena kofiira kosonyeza kuchuluka kwa zimene zawonjezedwa kapena kuchotsedwa. Mukaona nambala yofiira yaikulu popanda chifukwa cholembedwa, kawirikawiri wina wasesa ndime yonse. Owononga otere savuta. Pa Wikipedia ya Chingerezi pali pulogalamu ya ClueBot NG, imene kuyambira 2010 imabweza zotukwana ndi zachibwana pakangopita kamphindi.

Wanuyu ndi wochenjera. Kusintha 4 kukhala 8 sikuwonjezera kapena kuchotsa chilembo, choncho kanambala kaja kamangolemba 0, anthu n'kumadutsa. Sankhani mizere iwiri m'mbiri muja, dinani Compare selected revisions, ndipo mawu akale ndi atsopano aonekera pamodzi. Bwererani m'mbuyo mpaka mupeze pamene 1964 inasanduka 1968. Mukapapeza, dinani undo, lembani chifukwa mwachidule, sungani. Undo ikakana chifukwa ena analembanso pamalo omwewo, konzani chakacho pamanja. Kubwezeretsa tsamba lakale lonse kumafufutanso ntchito yabwino ya amene anabwera pambuyo.

Chimene ambiri amaiwala n'chakuti wakuba nkhuku sathera khola limodzi. Dinani contribs pafupi ndi dzina la wosinthayo muone masamba ena amene wapitako. Ngati akupitiriza atachenjezedwa pa tsamba lake lokambirana, kamnenezeni kwa ma admin, amene ali ndi mphamvu yomutsekera kapena kuteteza tsambalo.

Bodza lofatsa limakhalitsa. Mu 2005 wina analemba kuti mtolankhani wa ku America, John Seigenthaler, anaganiziridwapo pa kuphedwa kwa pulezidenti John Kennedy ndi mng'ono wake Robert Kennedy. Zinakhala pamenepo miyezi pafupifupi inayi, ndipo nkhaniyo itaphulika, Wikipedia ya Chingerezi inaletsa anthu osalembetsa kuyambitsa nkhani zatsopano. Nkhondo yopeka ya Bicholim, yomwe ankati inachitikira ku Goa ku India, inakhala pa Wikipedia zaka zisanu mpaka 2012. Ngati zikutere kumene kuli alonda ambirimbiri, nanga bwanji pa Wikipedia yathu ya Chichewa, pomwe olemba ndi owerengeka? Kumeneko tsamba la Recent changes, losonyeza zonse zimene zasinthidwa posachedwa, ndi lalifupi moti munthu mmodzi akhoza kuliwerenga lonse asanamalize kapu ya tiyi. Ine ndimaona kuti mphunzitsi mmodzi wochita zimenezi amathandiza kuposa khumi odandaula mu staff room kuti intaneti yawononga ana.

Musatchule aliyense wolakwitsa kuti wowononga. Akanalemba 1966, ndikanati mwina wasokoneza ndi chaka chimene Malawi adakhala ripabuliki, ndipo munthu wotere mumamuuza mwaulemu, n'kuika gwero. Akabwezanso zimene mwakonza, pitani ku Talk, tsamba lokambirana za nkhaniyo, mukakambirane. Pa Wikipedia ya Chingerezi, kubweza koposa katatu pa tsamba limodzi m'maola 24 kungakutsekereni inuyo. Lamuloli limakhululukira munthu wobweza kuwononga koonekeratu, ndipo mkangano wa zaka suwerengedwa choncho nthawi zonse.

Ophunzira awiri aja aitaneni akhale pambali panu pokonzapo, mbiri ija atsegule okha.