Filimu yoseka za m'maofesi musakaijambulire mu ofesi yeniyeni

Achimwene, mwati mukufuna kujambula filimu yoseka za m'maofesi, koma maganizo okajambulira mu ofesi yeniyeni ya boma aja asiyeni msanga. Woyang'anira nyumba amavomera pakamwa Lachitatu, akumwetulira. Loweruka mufika 6 koloko m'mawa, osewera asanu ndi awiri mwawalipirira kale minibasi, kamera ndi yobwereka, mwini wake akuifuna madzulo. Mlonda akuti sanauzidwe kanthu. Makiyi ali ndi bwana, bwana foni ndi yozima. Pofika 11 koloko patulukira wina wofuna ya fanta, dzuwa lachoka kale pawindo lomwe mumalidalira, wosewera mbali ya kalaliki wanyanyala wapita. Anthu a m'maofesi amenewa alibe chisoni ngakhale pang'ono, tsiku la munthu amaliona ngati chitsa.

Pemphani kalasi yapasukulu. Tebulo limodzi, mafayilo akale omanga ndi chingwe, benchi la odikira, chidindo, ndi jekete lopachika pampando wopanda munthu. Jeketelo lokha anthu aseka, akulidziwa. Filimu isapitirire mphindi 7, ndipo tsamba limodzi la sikiripiti ndi pafupifupi mphindi imodzi. Kalaliki asakhale chilombo cholusa. Azinena "bwerani mawa" ndi "netiweki palibe" mwaulemu, akusenda nthochi. Ngati mukufuna filimuyi ikhudze za ufulu, asazitchule aliyense pakamwa, ingoonetsani gogo ali pamzere akuyang'ana ana akuthamanga panja, masekondi asanu basi.

Chimene chimapha mafilimu athu ndi mawu. Maikolofoni ya foni yojambula imatola phokoso la chipinda chonse, makamaka denga likakhala la malata. Mangirirani kamaikolofoni pakolala, kalowe mufoni ina m'thumba la wosewera, ndipo ombani m'manja kamodzi poyamba kuti podula mugwirizanitse mawu ndi chithunzi. Jambulaninso mphindi imodzi aliyense ali chete, mudzatsekera mipata. Kamera ikhale pa 25 fps (zithunzi 25 pa sekondi), shutter 1/50 (nthawi yomwe kamera imalowetsa kuwala pa chithunzi chilichonse), chifukwa magetsi athu ndi a 50Hz. Mukasiya pa 30, mababu a chubu aziphethira m'chithunzi.

Dzina la ofesi pekani lanu, chizindikiro cha boma musaike. Yokaonetsa pagulu idutse kaye ku Censorship Board, bungwe la boma lounika mafilimu, lamulo lake ndi la 1968 koma likugwirabe ntchito. Ndipo kwa ahedi apasukulupo musakhutire ndi mawu apakamwa, tengani kalata yosaina, yodinda chidindo, makope awiri. Akakuuzani kuti mubwere mawa, bwerani mawalo.