Mwana wanga akufuna kujambula mafilimu a kunkhondo

Mayi wina wa ku Ndirande wandilembera. Mwana wake wamkazi, yemwe wangolemba MSCE, sakuchoka pafoni: akuonera timafilimu tatifupi toonetsa mmene anthu wamba akukhalira ku Ukraine ndi ku Sudan, ndipo akuti ntchito imene akufuna ndi imeneyi. Mayiyo akufunsa kuti, "Ndimuleke akafere nkhondo ya eni?"

Mayi, mtima m'malo. Tsiku lina mukhale naye pansi muonere limodzi. Mfuti sizioneka kawirikawiri. Mumaoneka agogo akuphika magetsi atazima, ana akuphunzira m'chipinda chapansi, amayi ali pamzere wotunga madzi. Wojambula zimenezi amafunika kudekha ndi kumvetsera, ndipo zimenezi angaphunzire konkuno osakwera ndege.

Tisaiwale kuti nkhondo ya ku Mozambique, ya 1977 mpaka 1992, inathamangitsira kuno anthu pafupifupi miliyoni imodzi. Ku Nsanje, ku Mwanza ndi ku Dedza kuli agogo amene anagawana minda ndi zitsime ndi othawawo, ena mpaka kukwatirana nawo. Akukalamba, ndipo akapita adzapita ndi nkhani zawo. Ku Dzaleka, m'boma la Dowa, komwe kwakhala othawa kwawo kuyambira 1994, kuli anthu ochokera ku Congo, Burundi ndi Rwanda. Koma kumeneko sangofika ndi kamera. Pamafunika chilolezo cha oyang'anira, ndipo wojambulidwayo avomere yekha akudziwa kumene filimuyo ikaonetsedwe, chifukwa alipo amene nkhope yawo ikaoneka pa intaneti abale awo kwawo akhoza kuona zakuda.

Sukulu sizili kutali. Yunivesite ya MUBAS ku Chichiri ili ndi digiri ya utolankhani, sukulu ya atolankhani ya Malawi Institute of Journalism (MIJ) ili ndi satifiketi ndi dipuloma. Chingerezi akhoze bwino. Za ndalama sindikunamizani, mafilimu otere okha sadyetsa munthu msanga. Ambiri amayamba ndi kujambula maukwati ndi ntchito za mabungwe.

Pamene akudikira zotsatira, muyeseni. Atenge foni yomweyo, mumugulire kamaikolofoni kokoleka pamalaya, chifukwa chithunzi chosawala anthu amapirira koma mawu osamveka ayi. Apeze munthu mmodzi wokumbukira nkhondo ya ku Mozambique ija, amufunse zimene ankadya ndi kumene ankagona, apange filimu ya mphindi 5. Akaimaliza n'kufunanso ina, mundilemberenso tikambirane za fizi.