Ndakwatiwa, kodi dzina la pa pasipoti ndisinthe liti?

Sabata ino ndalandira imelo kuchokera kwa mayi wina wa ku Zomba amene anamanga banja chaka chatha. Pasipoti yake ili m'dzina la makolo ake ndipo yatsala ndi zaka 6 kuti ithe ntchito. Amuna ake ali ku Johannesburg, ndipo tikiti ya ndege yopitira kumeneko mu Disembala wagula kale, m'dzina lakale lomwelo. Akufuna kudziwa ngati asinthe pasipoti asananyamuke, komanso ngati a Immigration angangomulembera dzina la amuna ake m'buku lomwe ali nalo kale.

Achemwali, ndiyambe ndi ulendowo chifukwa ndi umene ungakulizeni msanga. Musakhudze kanthu mpaka mutapita ndi kubwerako. Munthu wa pa kauntala ku Chileka kapena ku Kamuzu International Airport safunsa kuti munakwatiwa liti. Iye amaika pasipoti pambali pa tikiti n'kuyerekeza chilembo ndi chilembo. Panopa ziwirizo zikugwirizana. Mukathamangira pasipoti yatsopano, tikiti idzatsala m'dzina lakale, ndipo makampani ambiri a ndege salola kusintha dzina pa tikiti mwaulere, ena amakana n'komwe. Mphete ya pa chala siikuthandizani pamenepo.

Zongolembera dzina m'buku lakale iwalani. Tsegulani tsamba lomwe lili ndi chithunzi chanu, muyang'ane m'munsi. Muona mizere iwiri ya zilembo ndi manambala yodzaza ndi timivi totere <<<. Makina a pa malire amawerenga pamenepo, ndipo pasipoti zomwe dziko lathu linayamba kupereka mu 2020 zilinso ndi kachipangizo mkati kosunga dzina lomwelo. Cholembera sichifika kumeneko. Kusintha dzina ndiye kuti mukupempha pasipoti ina, mulipira mtengo wonse, ndipo zaka 6 zija zatayika.

Mukabwerako n'kuona kuti mukufunabe kusintha, musayambire ku Immigration. Yambani ndi satifiketi ya ukwati. Lamulo la ukwati la 2015 limazindikira ukwati wa kwa DC, wa kutchalitchi kapena kumzikiti, ndi wachikhalidwe, koma m'maofesi amafuna pepala, osati mawu a ankhoswe. Ngati munathera pa chinkhoswe, pitani ku ofesi ya DC mukafunse za kalembera wa ukwati wanu. Mukatenga pepalalo, liwerengeni pang'onopang'ono musanachoke pakhomo. Msuweni wanga wina dzina lake linalembedwa pamanja mu satifiketi popanda "h" imodzi, ndipo kachilembo kameneko kanamuyendetsa maulendo atatu, minibasi akulipira yekha.

Kenako pitani ku National Registration Bureau mukasinthitse chiphaso cha unzika. Apa ndi pamene ambiri amadumpha. Popempha pasipoti amafuna chiphaso chimenechi, ndiye ngati icho chikadali m'dzina lakale, pasipoti siingatuluke m'dzina lina. Chiphaso chatsopano chikakhala m'manja, ndi pamene mupite ku Immigration, kaya ku Blantyre, Lilongwe, Mzuzu kapena Mangochi, mutanyamula chiphasocho, satifiketi ya ukwati ndi pasipoti yakale. Kajambulitseni makope a zonse. Ndalama perekani pomwe akukupatsani risiti ya boma, osati kwa anyamata oima kunja kwa mpanda amene amati akudziwa bwana wina mkatimo.

Simunanene ngati muli ndi chilolezo chokhalira ku South Africa m'pasipoti yakaleyo. Ngati chilimo, dziwani kuti sichisamuka chokha. Pamafunika kupempha kuti achisamutsire m'buku latsopano, ndipo kumeneko zimenezi zimadzera ku VFS Global, kampani imene imalandira mafomu a maviza m'malo mwa boma la South Africa. Anzathu a ku Britain amene viza yawo ili pa intaneti nawonso amayenera kulowetsa pasipoti yatsopano mu akaunti yawo ya UKVI, nthambi ya boma la Britain yoona za maviza, asanakwere ndege. Pasipoti yakale musaitaye ngakhale ataiboola.

Koma ndikufunseni ine tsopano: kodi mukusinthiranji? Palibe lamulo lokakamiza mkazi kutenga dzina la mwamuna. Agogo anga anakhala pa banja zaka zoposa 50 ndipo mudzi wonse unkawaitana Nabanda mpaka tsiku lowaika m'manda, amuna awo ali a Phiri. Palibe amene anakayikirapo ukwati wawo. Kutchalitchi ndi ku maukwati angakuitaneni Mayi Uje, inu n'kuvomera mokondwa, pamene mapepala anu ali chikhalire. Ganiziraninso za satifiketi yanu ya MSCE ndi ya ku koleji, akaunti ya ku banki, laisensi yoyendetsera galimoto, nambala ya foni imene munalembetsa ndi chiphaso. Mukasintha chimodzi, zinazo zimayamba kukufunsani kuti ndinu yani, ndipo satifiketi ya ukwati mudzayenda nayo m'chikwama kulikonse kokafunsira ntchito.

Ndikanakhala inu, ndikanapita ku Johannesburg ndi pasipoti yomwe ilipoyi, kope ya satifiketi ya ukwati ili m'chikwama cha m'manja. Za dzina ndikanakambirana ndi bambo akunyumba mofatsa kumeneko, ndipo tikagwirizana kuti ndisinthe, ndikanadikira kuti bukuli liyandikire kutha ntchito kuti ndilipire kamodzi.