Anthu a pachilumba chanu amadya chiyani?

Mmodzi wa inu wandilembera kuti wakhala miyezi ingapo akupeka chilumba chakechake cha m'dziko la One Piece, nkhani ya zithunzi ya ku Japan yokamba za akuba a panyanja, koma anzake akawerenga amangoti nchokongola, nkhani nkuthera pomwepo. Akufunsa kuti walakwitsa pati. Funsoli landikhudza chifukwa matenda amenewa ndinadwalapo ine.

Ndili ku sekondale ndinali ndi kope limene ndinkalibisa pakati pa makope a masamu, ndipo m'menemo ndinajambula chilumba cha galasi lokhalokha. Mitengo inali ya galasi, mchenga wa kugombe unali wa galasi, ndipo dzuwa likamalowa chilumba chonse chinkaoneka ngati chikuyaka. Teremu yonse inatha ndikujambula mapu, kutcha mayina magombe ndi mapiri, mpaka kuwerengera masiku amene Log Pose, kampasi ya amalinyero a pa nyanja ya Grand Line m'nkhaniyi, ingatenge kuti iloze chilumba chotsatira. Ndinasankha masiku 40 poopa kufanana ndi chilumba cha Little Garden, kumene munthu amadikira chaka chathunthu. Tsiku limene ndinaonetsa mnzanga wa ku hositelo, iye anayang'anitsitsa mapuwo kwa nthawi yaitali, kenaka anandifunsa kuti anthu a kumeneko amadya chiyani. Ndinamukwiyira sabata yonse, koma chimene chinkandiwawa kwenikweni nchakuti pachilumba changa panalibe munthu ngakhale mmodzi.

Eiichiro Oda, mlembi wa One Piece, wakhala akujambula nkhaniyi kuyambira 1997, ndipo mukaonetsetsa zilumba zake zimene zimakhala m'mutu, mupeza kuti maonekedwe ndi chikuto chabe. Drum ndi chilumba cha chipale chofewa, koma timachikumbukira chifukwa mfumu Wapol inathamangitsa madokotala onse nkusunga 20 okha, kuti wodwala aliyense azigwada pamaso pake asanalandire mankhwala. Ku Alabasta kuli mchenga, inde, koma nkhani yagona pa mvula imene inasowa zaka zitatu, ndi mdani wotchedwa Crocodile amene anachititsa anthu kukhulupirira kuti mfumu yawo ndiyo ikuba mvulayo. Ku Skypiea anthu amakhala pamitambo, choncho dothi wamba limene ife timalipondaponda ndi chuma chopatulika kwa iwo, ndipo analimbirana dothilo ndi mtundu wa a Shandia kwa zaka 400. Ngakhale ku Totto Land, kumene nyumba ndi makeke ndi chokoleti, munthu amalipira mwezi umodzi wa moyo wake pa miyezi isanu ndi umodzi iliyonse kuti apitirize kukhalako.

Ndichifukwa chake masiku ano sindichedwa nazo zilumba za okonda nkhaniyi zimene zimayamba ndi mndandanda wa nyama zodabwitsa ndi Devil Fruit (chipatso chopatsa wochidya mphamvu zodabwitsa) yatsopano ya mdani. Ndanena kuti sindichedwa nazo, koma kunena zoona zimanditopetsa, chifukwa wolemba wotero wakongoletsa bwalo limene palibe amene adzavinepo. Ena amaganiza kuti chinsinsi nkubwereka malo enieni, poona kuti m'nkhaniyi Water 7 ikufanana ndi mzinda wa Venice, Dressrosa ndi Spain, ndipo Wano ndi Japan wakale wotseka malire. Kubwereka sikolakwika, komatu Water 7 ili ndi chigumula cha Aqua Laguna chimene chimabwera chaka ndi chaka pamene mzindawo ukumira pang'onopang'ono, ndipo mitsinje ya ku Wano inaipitsidwa ndi mafakitale a zida a Kaido, mkulu wa akuba a panyanja, mpaka ana kumagona ndi njala. Wina angatsutse potchula Zou, dziko lokhala pamsana pa njovu yaikulu, kuti kudabwitsa kokhako nkokwanira. Sindivomereza, pakuti njovuyo, Zunesha, ikuyenda panyanja monga chilango cha mlandu wakalekale, ndipo Luffy, ngwazi ya nkhaniyi, pofika anapeza mzinda utaphwasulidwa kale ndi Jack, mmodzi wa akuluakulu a gulu la Kaido.

Ndiye muchite chiyani?

Mapu anu musawataye. Sankhani chinthu chimodzi chimene anthu a kumeneko amachisowa chifukwa cha mmene chilumbacho chilili, mupeze amene wachigwira m'manja, kenaka mulembe munthu wamba mmodzi amene adzapatse alendo chakudya ngakhale iye alibe chokwanira, monga anachitira mtsikana wotchedwa Tama ku Wano. Mdani ndi mphamvu zake abwere pambuyo.

Kope langa lija linasochera kalekale, koma funso la mnzangayo ndinadzaliyankha patapita zaka. Pa galasi sipamera chimanga kapena mpunga, choncho chakudya chonse chiyenera kubwera pa sitima, ndipo mwini doko ndiye mfumu yeniyeni ya chilumbacho. Ndinazindikiranso kuti pamchenga wotero munthu wopanda nsapato sangatuluke m'nyumba, ndiye kuti osauka a kumeneko amadziwika ndi zipsera za kumapazi.