Kujambula mphezi: shutter imatsegulidwa ching'aning'ani chisanabwere

Wowerenga wina watitumizira imelo, ndipo funso lake ndi ili: "Namondwe akafika ndimatulutsa kamera, ching'aning'ani chikang'anima ndimadina msangamsanga, koma zithunzi zimatuluka zakuda bii. Zikapanda kutero, mphezi imaoneka yofufumala, yopanda nthambi zake. Ndikulakwitsa pati?"

Akulu, kamera yanu ilibe mlandu. Kawirikawiri mphezi imang'anima n'kuzima theka la sekondi lisanakwane, ndiye pamene chala chikudina, zonse zatha kale. Ojambula mphezi amatsegula shutter (kachitseko kolowetsa kuwala m'kamera) kumwamba kudakali mdima, n'kuisiya yotsegula, mphezi n'kudzilemba yokha pachithunzi.

Usiku chitani motere. Imikani kamera pa tripod (choimikira cha miyendo itatu), ikani pa manual kuti zonse muzisankha nokha: ISO (mmene kamera imamvera kuwala) 100, aperture (kukula kwa bowo la lenzi) f/8, shutter masekondi 15 mpaka 30. Mphezi ikakhala patali kwambiri tsegulani pa f/5.6, ikakhala yowala kwambiri moti chithunzi chikuyera mbee, tsekani pa f/11. Dziwani kuti kuwala kwa mphezi kumatsata aperture ndi ISO. Kutalika kwa shutter kumangowalitsa mitambo, nyumba ndi magetsi, choncho pamalo a magetsi ambiri tsikirani pa masekondi 5 kapena 10. Lenzi ya 14mm mpaka 24mm imagwira thambo lalikulu, ndipo mwayi woti mphezi igwere m'chithunzi umakula. Jambulani chimodzi pambuyo pa chinzake, osapumira, pogwiritsa ntchito remote kuti dzanja lisagwedeze kamera. Zambiri mudzazifufuta, ndipo ndi mmene ntchitoyi imakhalira.

Kufufumala kuja kumachokera ku autofocus (njira yomwe kamera imadzikonzera yokha lenzi kuti chithunzi chioneke bwino), yomwe mumdima imasowa pogwira n'kumangosakasaka. Izimitseni. Lozani nyali yakutali, ikulitseni pa sikirini, potozani mphete ya focus mpaka nyaliyo ikhale kadontho kakang'ono, kenako mataniko tepi kuti isasunthe. Chizindikiro cha infinity (cha zinthu zakutali kwambiri) pa lenzi musachikhulupirire kwambiri, malenzi ambiri amazungulira kupitirira pamenepo. Zimitsaninso stabilization (yochepetsa kugwedezeka) kamera ikakhala pa tripod, komanso long exposure noise reduction (yochotsa timadontho pazithunzi za shutter yaitali), chifukwa pambuyo pa chithunzi cha masekondi 20 imatseka kamera masekondi ena 20, ndipo mphezi yokongola imatha kudutsa nthawi yomweyo. Sungani zithunzi mu RAW (mtundu wa fayilo wosunga zonse zomwe kamera yajambula) kuti mudzathe kubweza mitambo yomwe yayera mopyola.

Masana n'kovutirapo, chifukwa shutter yaitali imayeretsa chithunzi chonse. Pamafunika fyuluta ya ND (galasi lodera lochepetsa kuwala kolowa m'lenzi) kapena lightning trigger, kachipangizo kodina kokha kakaona kung'anima. Zimatheka chifukwa mphezi imodzi imang'anima kangapo m'njira yomweyo, ndiye kamera imagwira kung'anima kotsatira.

Koma chonde, moyo wanu choyamba. Phokoso limayenda kilomita imodzi m'masekondi pafupifupi 3. Werengani kuyambira kung'anima mpaka bingu: masekondi akachepera 30, mphezi ili mkati mwa makilomita 10, ndipo lowani m'nyumba kapena m'galimoto ya denga lachitsulo, mawindo otseka. Musaime pansi pa mtengo, pamwamba pa chitunda kapena pafupi ndi mpanda wawaya. Dikirani mphindi 30 bingu lomaliza litamveka musanatuluke. Tikulimbikira izi chifukwa mphezi imatha kugwa patali ndi pamene pakugwa mvula, ndipo kumbali kwa namondwe n'kumenenso zithunzi zimaoneka bwino, popeza mvula sikubisa nthambi za mphezi.

Lenzi ikachita nthunzi potuluka m'galimoto yozizira kupita kunja kotentha, kupukuta sikuthandiza, imabwereranso. Siyani kamera m'chikwama chotseka kwa mphindi 15 kapena 20 kuti itenthe pang'onopang'ono musanaitulutse.